Mabawuti a Doko la Kwathu

Wellington, 14 Juni

Wokondedwa Bambo,

Mundikhululukire, ndiyamba ndi funso moni asanabwere, chifukwa landikhala pakhosi chichokereni kwathu. Kodi ndani analamula kuti matabwa a doko lathu azikhomedwa ndi timisomali tiwiri tokha, kuti namondwe akabwera aziyoyoka ife n'kumakawatola m'matanthwe ngati nkhuni? Chaka ndi chaka zomwezo. Azibambo kusambira kukoka matabwa, azimayi kuphika, inu monga wapampando wa komiti ya doko kukhomanso ndi timisomali tomweto. Ukafunsa, aliyense amati, "Ndi mmene anatiuzira omanga aja." Palibe amene anafunsapo chifukwa chake. Ine ndikuti anatiumira. Anaona kachilumba ka anthu osadziwa zomangamanga, n'kusunga ndalama za mabawuti m'thumba.

Tsopano moni. Muli bwanji inu ndi amayi? Shuga wawo watsikako? Asamadumphe ulendo wa pa boti wa kuchipatala ku tawuni ya Pangai, ngakhale nyanja itachita mafunde pang'ono. Achimwene a Maikolo muwapatse moni. Ine ndili bwino, kungoti kuno kwazizira, ndipo mphepo ya mumzinda uno imakankha munthu ngati munayambanapo.

Ntchito ndayamba. Tikukonza doko lakale la sitima zikuluzikulu, limene mizati yake yadyeka ndi mchere. Bwana wanga ndi a Hallett, mayi wa imvi amene wakalambira pa madoko. Mpaka pano angondipatsa zoyeza dzimbiri, ntchito imene mwana wa sekondale angaigwire. Mnzanga wina dzina lake Rawiri amandiseka tsiku lililonse. "Iwe wa kuzilumba za Tonga, takhala pansi. Konkire sauma msanga chifukwa choti wamuyang'ana mwaukali."

Nakonso kuno ali ndi lamulo lofanana ndi lathu lija. Amati chomangidwa chabwino chizikhala ndi malo ofooka, oti chivomerezi chikabwera chizisweka pomwepo. Ndinawafunsa a Hallett pamaso pa onse kuti, "Ndiye tinakhala zaka zonsezi kuyunivesite kuti tizimanga zinthu zoti zizisweka?" Anangomwetulira n'kuti, "Udzaona, mwana iwe." Mawu amenewo ndimadana nawo. Ndi amene achititsa kuti kwathu kusasinthe.

Ine sindidikira. Mu diramu imene azakhali a Losaline akutumiza mwezi uno ndaikamo mabokosi a mabawuti osachita dzimbiri, ndi zitsulo zopinda zomangira. Thabwa lililonse mumange ndi mabawuti anayi, aboole mpaka mu mtanda wa pansi, ndipo mitandayo muigwirizanitse ndi mizati pogwiritsa ntchito zitsulozo. Doko lonse likhale chinthu chimodzi. Malipiro anga oyamba athera pamenepo, musandifunse. Mulinso nyama ya m'chitini ndi nsapato zofewa za amayi.

Ine mwana wanu,
Kalolaine


Wellington, 20 Ogasiti

Wokondedwa Bambo,

Moni kwa inu, amayi ndi onse a pakhomo. Ndakondwa kumva kuti muli bwino, ndiponso kuti nsapato zawakwana amayi. Ine chimfine chinandigwira koma chapita.

Kalata yanu ndaiwerenga mpaka yayamba kung'ambika mopindamo. Kuchita phwando n'kupha nkhumba zonsezo chifukwa cha mabawuti? Ndipo abusa kutchula dzina langa m'tchalitchi, anthu n'kumati "doko la Kalolaine"? Ndinachita manyazi pang'ono, koma ndisaname, ndinakondwa. Ndinawerengera Rawiri pa nkhomaliro. Iye akuti, "Ndiye tiyambe kukugwadira liti, amfumukazi? Ndiuziretu, mawondo anga ndi ovuta."

Mwalemba kuti mtima wanu unakayika poyamba, popeza omanga aja ananenetsa za misomali. Mwalembanso kuti pamsonkhano wa mudzi ena atang'ung'udza, munaimirira n'kunena kuti, "Mwana wanga ndiye anapita kusukulu ya zimenezi. Likadzagwa dokoli mudzandifunse ine." Bambo, simudzafunsidwa. Chaka chino namondwe adzabwera n'kubwerera yekha ndi manyazi.

Koma phewa lanulo, bwanji munaboola nokha? Anyamata a m'mudzi ntchito yawo ndi yotani, kumwa chakumwa chathu cha kava basi? Ndatumiza kandalama kudzera ku banki ya ku Pangai. Mugule mafuta opaka a phewa, yotsalayo ikhale ya mafuta a boti lopititsa amayi kuchipatala.

Doko ndi chiyambi chabe. Ndikulingalira za khoma lotchinga mafunde kumanda kuja, ndi thanki ya sukulu imene imang'aluka nthaka ikangogwedezeka. Ndikadzapeza chiphaso changa cha uinjiniya, palibe adzandiuzenso kuti "udzaona". Ena amachidikira zaka zambiri. Ine ndawauza a Hallett kuti ndilibe zaka zoti ndizitaya.

Zilazi za kumunda wa kumtunda musagulitse zonse. Ndikabwera pa Khirisimasi ndidzazifuna.

Mwana wanu,
Kalolaine


Wellington, 3 Okutobala

Wokondedwa Bambo,

Ndikhulupirira muli bwino nonse. Mwina mwamva pa wailesi za chivomerezi cha kuno. Musade nkhawa, ndili bwinobwino, ngakhale chikhadabo sichinathyoke. Azakhali anangophwanyikirwa mbale za mu kabati, ndipo akulira ngati maliro.

Chinatipeza tili pantchito masana. Doko linayenda pansi pa mapazi anga ngati boti. Chitatha tinapita kukayendera. Pamalo pamene doko limakumana ndi mtunda pali chitsulo chophimba mpata, chomangidwa ndi timabawuti tating'ono timene ine ndinkati n'taumbombo. Tonse tinali titaduka, chitsulocho chili pambali. Ndinati tsopano a Hallett achita manyazi. Koma iwo anatsika ndi boti pansi pa doko, kuyang'ana mzati uliwonse, n'kutuluka akuseka ngati mwana.

"Palibe ngakhale umodzi wang'aluka," anatero. "Kalolaine, bwera udzaone adani ako. Afa kuti mizati ikhale moyo. Mawa tigula ena, mtengo wake ngati wa nkhomaliro."

Rawiri anati, "Musamuuze zambiri, angakomoke."

Tikumwa tiyi, a Hallett anayamba kufotokoza za madoko a matabwa amene anamangapo kuzilumba ali mtsikana. Anati mafunde a namondwe samenya doko kuchokera m'mbali mokha, amalimenya kuchokera pansi. Matabwa akakhomedwa mopepuka amachoka, madzi n'kudutsa m'mipatamo, mizati n'kutsala chilili. Koma munthu akawamanga zolimba, doko lonse limasanduka chitseko chimodzi chachikulu, nyanja n'kuchinyamula, n'kuzula mizati ngati mano. Anati, "Chovuta si kuwerengera. Chovuta ndi kuletsa anthu a mtima wabwino kuti asalilimbitse ife tikachoka."

Tiyi wanga anazizira m'kapu. Rawiri anandifunsa ngati ndikudwala, ndinati ndi mantha a chivomerezi.

Bambo, mabawuti aja munamanga onse? Ndikudziwa munalemba kuti munamaliza, ndikungofunsa ngati pali mbali ina imene inatsala. Ngati ilipo, isiyeni kaye momwemo. Komanso sipanala yaikulu ija ikadalipo, kapena anabwereka anthu?

Zinthu zakwera mtengo kuno, chinangwa cha m'firiji chikugulidwa ngati nyama. Komabe ndatumiza ya mankhwala a amayi monga mwa masiku onse.

Ine mwana wanu,
Kalolaine


Wellington, 18 Novembala

Wokondedwa Bambo,

Moni nonse. Ndamva kuti amayi anatupa phazi. Asamayende opanda nsapato pamchenga wotentha, adokotala ananena kale. Ine ndilipo, kungoti tulo ndi tovuta masiku ano. Mwina ndi kutentha kumene kwayamba.

Yankho lanu ndalandira. Mwandiseka kuti ndikufunsa za sipanala ngati ndikufuna kumasula chimene ndinamangitsa ndekha. Mwati simunasiye thabwa ngakhale limodzi, ndiponso kuti munaphwanya nsonga za mabawuti onse ndi hamala kuti anyamata asamabe manati n'kukamangira maboti awo. Munaganiza bwino. Ndiye kuti sangamasuke popanda kuwadula ndi sowo.

Ndimaganiza kuti mwina, nyengo ya namondwe isanafike, mukanachotsako matabwa ena apakati, kuti muone ngati pansi pali bwino. Ngakhale thabwa limodzi pa atatu alionse. Sikuti pali vuto. Ndi mmene amachitira kuno nthawi zina. Koma ngati komiti ingafunse zambiri, kapena ngati zingakuchititseni manyazi pambuyo pa phwando lija, muone nokha.

Ndinaimba foni ku golosale Loweruka lija, munamva nokha. Ndinali ndi mawu oti ndikuuzeni. Koma ndinkamva anthu ali piringupiringu kumbuyo kwanu, wina akukuwa kuti, "Mufunseni injiniya wathu ngati wapeza mwamuna!" Inu mukuseka, mawu anu ali onyada. Ndinangofunsa za nkhumba n'kudula.

Kutchalitchi kwathu kuno nkhani inafika kale. Azakhali amandigwira dzanja n'kumandizungulitsa kwa azimayi anzawo. "Uyu ndi mwana wa mlongo wanga Penisimani, amene wamanga doko losagwa." Sabata yatha anandiveka mkeka wawo wabwino umene kwathu timavala m'chiuno pa mwambo, uja amausunga pansi pa matiresi, n'kundikhazika kutsogolo. Nyimbo sindinaimbe.

Pa Khirisimasi sinditha kubwera. Ntchito yachuluka chifukwa cha chivomerezi chija. Zilazi zija mugulitse.

Muzimvera za nyengo pa wailesi.

Mwana wanu,
Kalolaine


Wellington, 29 Januwale

Wokondedwa Bambo,

Ndikuthokoza Mulungu kuti namondwe wadutsa nonse muli moyo ndipo palibe amene wavulala pachilumba. Ndinakhala masiku angapo osamva kanthu, mpaka achimwene a Maikolo atafika ku Pangai n'kundiimbira. Ine ndili bwino m'thupi.

Andiuza zonse. Akuti denga la khitchini linapita koma nyumba yatsala. Akuti doko kulibe. Ndinafunsa kuti, "Matabwa?" Iwo anati, "Mlongo, ndati kulibe. Lanyamuka lonse pamodzi ndi mizati, lakagwera pa matanthwe uko lili chigwirizanire. Mabawuti ako ndi amphamvu, palibe ngakhale limodzi laduka." Sanali kunditonza. Amaganiza kuti akunditonthoza.

Akutinso doko la pachilumba cha anzathu oyandikana nafe linangotaya matabwa monga kale, ndipo anakhomanso sabata isanathe.

Chimene chikundisowetsa mtendere ndi cha amayi. Achimwene akuti boti tsopano limaima kunja kwa matanthwe, ndipo anawanyamula pa mpando, anthu anayi, madzi ali m'chifuwa, phazi lawo atalikulunga m'pepala la pulasitiki. Akuti funde linawamenya pakati pa njira, bala linanyowa, ndipo amayi anena kuti ulendo wina sapitanso, kuli bwino afere pakhomo kusiyana ndi kunyamulidwa ngati katundu pamaso pa ana. Bambo, muwakakamize. Bala la munthu wa shuga silidikira.

Ndatumiza zonse zimene ndinali nazo. Mugule malata, ndipo mulipire anyamata onyamula amayi kuti asamanyinyirike. Ndasamuka m'chipinda changa cha lendi, ndikugona kwa azakhali pabalaza, choncho mwezi wamawa nditumiza zochulukirapo. Azakhali akubwera kumeneko ndi katundu wa mpingo wathu.

Simunandilembere. Ndikumvetsa kuti muli ndi zambiri.

Ine mwana wanu,
Kalolaine


Wellington, 2 Malichi

Wokondedwa Bambo,

Moni. Ndamva kuti phazi la amayi silinapole ndiponso kuti inu mwaonda. Ine ndilipo.

Azakhali abwerako dzana. Sanavule n'komwe nsapato, anandikhazika pansi kukhitchini n'kundiuza zimene inu simunalembe.

Akuti kunabwera anthu a boma kudzaona madoko, ndipo atapeza mabawuti anafunsa pamsonkhano kuti ndani analangiza zimenezi. Akuti munaimirira musanaitanidwe, n'kunena kuti, "Ndine. Mwana wanga anangotumiza ndalama. Mabawuti ndinagula ndekha, nzeru zake zinali zanga, za munthu wokalamba wosamva." Akuti wa boma uja anafunsanso kuti, "Tamva kuti muli ndi mwana injiniya. Sanakuletseni?" Inu munati, "Sindinamufunse."

Ndipo mudzi wonse unali pomwepo, Bambo. Abusa amene anatchula dzina langa paguwa. Onse amene anadya nkhumba zija. Palibe anatsegula pakamwa. Azakhali akuti ngakhale ana anangoyang'ana pansi.

Akuti anakuchotsani pa komiti. Akuti munapereka nkhumba zotsala ndi zilazi za mbewu kupepesa mudzi, ndipo pamene azibambo amasonkhana kumwa kava simukhalanso malo anu aulemu aja, mumakhala kukhomo pamodzi ndi anyamata. Akutinso a boma alemba kuti doko linawonongedwa ndi eni ake, choncho lathu lidzakhala lomaliza kuganiziridwa.

Ndinayamba kulira. Azakhali anati, "Pukuta. Misozi imeneyo ikanathandiza chaka chatha."

Ndinati, "Azakhali, ndiyenera kunena."

Anati, "Unene chiyani, kwa yani? Iwe mwana, abambo ako agula dzina lako ndi dzina lawo, ndipo malonda atha. Ukatsegula pakamwa, chiphaso chako chapita, iwo nkhumba zawo sizibwerera, ndiye tonse tidzakhala opusa kawiri. Ine ndine mlongo wa abambo ako. Ndanena kuti utseke pakamwa, ndipo sindibwereza."

Mukudziwa kuti mawu a azakhali sabwezedwa. Chikhalire sindinawayankhepo mwano. Ndinangoti, "Ndamva."

Tsiku lomwelo kuntchito a Hallett anandiitana. Aika dzina langa pa anthu okayesedwa za chiphaso mwezi wamawa, chaka chathunthu nthawi yanga isanakwane. Anati, "Chichitikireni chivomerezi chija wasintha, wayamba kumvetsera." Rawiri anagula makeke, akuti, "Amfumukazi akwera, ife akapolo tidye." Ndinadya imodzi kuti asandifunse.

Ndatumiza ya mankhwala. Mbewu ya zilazi ndidzagula ine, mufunse mtengo kwa a kumtunda.

Mwana wanu,
Kalolaine


Wellington, 11 Malichi

Bambo,

Ndikhulupirira kalatayi ikupezani muli ndi mphamvu, inu ndi amayi. Ine ndili bwino kuposa masiku onsewa, ngakhale zimene ndilembe sizikukondweretsani.

Inu mukuganiza kuti mukuteteza mwana amene analakwitsa posadziwa. Mu Juni sindinkadziwa, n'zoona. Koma kuyambira tsiku la chivomerezi ndinkadziwa bwinobwino chimene mabawuti aja adzachite. Panali miyezi itatu yoti muwadule ndi sowo. Ndikanangolemba mzere umodzi woti, Bambo ndinalakwa, chotsani. M'malo mwake ndinakufunsani za sipanala. Ndinaopa kuti anthu amene anaimba dzina langa adzandiseka. Munthu wotereyo si woti mumukhalire kukhomo pamodzi ndi anyamata.

Lero m'mawa ndinalowa mu ofesi ya a Hallett n'kuwauza zonse. Anamvetsera osandidula. Nditamaliza anafunsa funso limodzi.

"Unadziwa liti?"

"Mu Okutobala."

"Pamene ndinkakamba za mano paja?"

"Eya."

Anavula magalasi. Kenako anati, "Mabawuti ndikanakukhululukira lero lomwe, tonse tinamangapo chopusa. Koma injiniya amene waona ngozi n'kukhala chete, ameneyo sindingamusainire. Dzina lako ndilichotsa. Sindikudziwa kuti ndidzalibwezera liti, kapena ngati ndidzalibwezere."

Ndinati ndamva. Ndili pakhomo anandiitananso. "Ukakafika ukayeze kuya kwa madzi ndi mchenga pamene panali mizati, unditumizire. Sindikulonjeza kanthu. Ndikungofuna kuona."

Azakhali sakundilankhula. Aika chikwama changa pakhonde, ndipo usiku uno ndigona kwa mlongo wake wa Rawiri. Ndikudziwa kuti ndawanyoza, ndipo ndidzawapepesa mwa mwambo wake nthawi ikadzakwana. Ndikudziwanso kuti inu mudzati ndataya mphatso yanu. Mwina ndi zoona. Nkhumba sizibwerera, monga ananenera. Koma amayi akunyamulidwa pa mpando chifukwa cha ine, ndipo pepala la boma likunena kuti ndi chifukwa cha inu.

Ndikupempha chinthu chimodzi. Mukauze a komiti kuti pamsonkhano wotsatira andipatse mpata wolankhula, inu muli pomwepo. Musaphe kanthu, musatume munthu kudzandichingamira ku boti. Ndidzatsikira m'madzi ngati wina aliyense. Ndipo amayi muwauze kuti ulendo wa ku Pangai wa mwezi uno apita, mwendo umodzi wa mpando ndidzagwira ine.

Musavutike kundiyankha kuti ndisabwere. Nditachoka kwa a Hallett ndinalembera ofesi ya anthu a boma aja zonse monga zinachitikira, ndasaina dzina langa, ndakaponya ku positi ndi dzanja langa, ndipo ndagula tikiti ya ndege ya Lachinayi.

Ine mwana wanu,
Kalolaine